Binga, Phiri Losalimidwa Limene Limasunga Minda ya Maiko Awiri

Pamwamba pa phiri la Binga palibe munda, khola kapena mudzi. Pali miyala yotuwa, udzu waufupi, mphepo yozizira ndi nkhungu imene imatha kumuphimba munthu dzuwa lili paliwombo. Wina angafunse kuti malo otere akufunanji m'kalata ya alangizi a zaulimi. Yankho lake lili m'munsi mwa phirilo: m'minda ya nthochi ya ku Rusitu, m'madimba a ku Dombe ndi m'minda ya mpunga ya ku Búzi, kumene alimi amakolola kapena kulira malinga ndi zimene zachitika kumwambako.

Binga ndiye nsonga yaitali kuposa zonse m'mapiri a Chimanimani, ndipo ili pa malire enieni a Mozambique ndi Zimbabwe. Kutalika kwake ndi mamita 2,436 kuyambira pa nyanja yamchere. M'dziko la Mozambique mulibe malo ena okwera kuposa pamenepa, ndipo ku Zimbabwe imaposedwa ndi Nyangani yekha, wa mamita 2,592. Owerenga a ku Malawi angaiyerekeze ndi Sapitwa wa pa Mulanje, amene amafika mamita 3,002. Kuvuma kwa nsongayi kuli boma la Sussundenga m'chigawo cha Manica, pamene kuzambwe kuli boma la Chimanimani m'chigawo cha Manicaland. Mbali zonse ziwiri ndi nkhalango zotetezedwa ndi boma, ndipo zonse zimadziwika ndi dzina limodzi la Chimanimani. Paki ya ku Zimbabwe ndiyo yakale, koma ndi yaing'ono, mahekitala pafupifupi 17,000. Ya ku Mozambique inayamba m'chaka cha 2003 ngati malo osungirako zachilengedwe, ndipo inakwezedwa kukhala paki m'chaka cha 2020. Kukula kwake kumaposa mahekitala 60,000, ndipo yazunguliridwa ndi dera lina lalikulu kumene anthu amaloledwa kukhala ndi kulima motsata malamulo. M'chaka cha 2001 maboma awiriwa anagwirizana zosamalira mapiriwa ngati malo amodzi.

Msewu sufika ku Binga. Wochokera ku Zimbabwe amasiya galimoto pa Mutekeswane, makilomita pafupifupi 19 kuchokera m'tauni ya Chimanimani, n'kukwera wapansi mpaka pa nyumba yamiyala yogonamo alendo, kenaka n'kuwoloka chigwa cha mtsinje wa Bundi asanayambe chitunda chomaliza. Wochokera ku Mozambique amayambira m'midzi monga Nhabawa, ndipo amagona m'njira.

Nthaka yosauka, madzi ochuluka

Gawo lalikulu la mapiriwa ndi mwala wotchedwa quartzite, woyera ndi wolimba ngati nsangalabwi. Mwala umenewu ukamafumbutuka umatulutsa mchenga woyera, wa asidi wambiri, wopanda chonde, umene umasowa makamaka mchere wa fosifolasi. Ngakhale lamulo likadalola, mlimi wobzala chimanga pamenepo akadangotaya mbeu yake. Koma umphawi wa nthakayi ndiwo unabala chuma china. Zomera zimene zinazolowera kukhala ndi njala yotereyi kwa zaka zosawerengeka zinasanduka mitundu yakeyake, kotero kuti akatswiri a zomera apezako mitundu yoposa 70 imene simera kwina kulikonse pa dziko lapansi, monga Aloe munchii ndi Protea enervis. M'nkhalango zowirira za m'tsinde mwa mapiriwa mumameranso khofi wakutchire, Coffea salvatrix, mbale wake wa khofi amene timalima. Ofufuza za mbeu akudziwa kufunika kwa abale akutchire oterewa, pakuti nthawi zina ndi mwa iwo m'mene mumapezeka mphamvu yopirira matenda kapena kutentha imene mbeu zathu zinataya.

Komabe chimene mlimi amalandira kuchokera ku Binga tsiku ndi tsiku ndi madzi. Mphepo yachinyontho yochokera ku nyanja ya Indian imayenda pamwamba pa zigwa za Sofala ndi Manica popanda choitchinga mpaka itagunda khoma la Chimanimani. Pokwera khomalo imazizira n'kutula mvula. Mbali yoyang'ana kuvuma imalandira mvula yoposa mamilimita 1,500 pa chaka, ndipo ngakhale m'nyengo yozizira kumagwa mvula yowaza imene anzathu a ku Zimbabwe amaitcha guti, yofanana ndi chiperoni wa ku Thyolo ndi Mulanje. Ikamatsikira kuzambwe mphepoyo imakhala itauma kale. N'chifukwa chake boma limodzi lokha la Chimanimani lili ndi zigawo zonse zisanu za ulimi malinga ndi kagawidwe kakale ka dziko la Zimbabwe, kuyambira ku mapiri a tiyi, zipatso ndi mitengo ya matabwa, mpaka ku Nyanyadzi m'chigwa cha Save kumene ulimi wodalirika ndi wothirira basi.

Pakati pa zitunda zamiyala pali madambo a udzu amene amagwira ntchito ngati chinkhupule. Amamwa mvula ya dzinja n'kumaitulutsa pang'onopang'ono chilimwe chonse. Madzi amenewa, ngakhale amene ayambira mbali ya Zimbabwe, amathera ku Mozambique. Bundi amathira mu Haroni, Haroni amakumana ndi Rusitu, ndipo Rusitu akawoloka malire amasintha dzina n'kukhala Lucite. Mussapa nayenso amathira mu Lucite, ndipo Lucite amathira mu Búzi, amene amakalowa m'nyanja pafupi ndi mzinda wa Beira. Mlangizi wa ku Dombe amene sanapondepo ku Zimbabwe amagwira ntchito ndi madzi amene adutsa m'minda ya alimi a mnzake wa ku Rusitu.

Malire amene anadula mudzi pakati

Mzere umene umadutsa pa Binga unachokera m'pangano la Angerezi ndi Apwitikizi la m'chaka cha 1891, pangano lomwelo limene linaika malire a Malawi ndi Mozambique. Anthu a m'derali, amene ambiri mwa iwo ndi Andau, sanafunsidwe. Mpaka lero amalankhula chiyankhulo chimodzi, amakwatirana, amaikana maliro, amasinthana mbeu, ndipo dzina la Chikukwa limapezeka tsidya lino ndi tsidya ilo. M'zaka za m'ma 1970 asilikali a Rhodesia anakwirira mabomba m'mbali zina za malirewa, ndipo ntchito yowachotsa yatenga zaka makumi angapo. Nkhondo ya pachiweniweni ya ku Mozambique, imene inatha m'chaka cha 1992, inathamangitsira mabanja ambiri kwa abale awo a ku Zimbabwe. Pamene chuma cha Zimbabwe chinagwa m'zaka za m'ma 2000, ulendo unatembenuka.

Alimi amawoloka, koma alangizi sawoloka. Wa ku Zimbabwe, amene alimi amamutcha mudhumeni, amalemba malipoti ake m'Chingerezi n'kuwatumiza ku Mutare. Wa ku Mozambique amalemba m'Chipwitikizi n'kutumiza ku Sussundenga ndi ku Chimoio. Onse awiri akafika m'munda amalankhula Chindau ndi alimi amene mwina ndi pachibale, koma iwo eni sadziwana ngakhale maina. Zimene zachitika m'mapiriwa m'zaka makumi atatu zapitazi zikusonyeza mtengo wa kusadziwanaku.

Golide

M'chaka cha 2004 kunamveka kuti m'mitsinje ya pamwamba pa mapiri a Chimanimani muli golide. Posakhalitsa anthu zikwizikwi a maiko onse awiri anakhamukira kumeneko. Ku Zimbabwe amawatcha makorokoza, ku Mozambique garimpeiros. Ankagona m'mapanga, kukumba magombe a mitsinje, kudula mitengo yochepa imene ilipo kuti apeze nkhuni, ndi kusaka nyama. Alonda a mbali imodzi akawathamangitsa, ankangodumphira mbali ina. Akatswiri a zomera amene anayendera malowa pambuyo pake anapeza kuti zomera zosowa zija, pokhala zambiri zimamera m'ming'alu ya miyala, sizinaonongeke kwambiri monga ankaopera. Chimene chinaonongeka ndi magombe a mitsinje ndi madambo, ndiye kuti chinkhupule chija, pamodzi ndi nyama zikuluzikulu monga ntchefu ndi mphalapala.

N'kosavuta kuwadzudzula okumbawa, koma mlangizi woona mtima akudziwa kuti ambiri a iwo ndi alimi ake omwe, kapena ana awo. Mnyamata amene munda wa makolo ake sukwanira kumudyetsa, ndipo nthochi zake zimaolera pamsewu kaamba kosowa msika, safunika kumunyengerera kuti akwere phiri. Kuchuluka kwa anthu kumwambako kwakhala kukukwera ndi kutsika motsatira njala ndi mitengo ya zinthu m'munsi. Vutoli silili ku Binga kokha ayi. M'madera ena a Manica ndi Manicaland mitsinje inafiira ndi matope a migodi kotero kuti ng'ombe ndi madimba zinasowa madzi abwino, ndipo m'chaka cha 2025 boma la Mozambique linaimitsa ziphaso za migodi m'chigawo cha Manica kaamba ka kuonongeka kwa mitsinje.

Usiku wa Idai

Namondwe wa Idai anafika pa Beira usiku wa pa 14 Marichi 2019. Usiku wotsatira anali atafika pa mapiri a Chimanimani, ndipo khoma lomwe lija limene limakama mvula yodyetsa anthu linakama mvula yoposa mamilimita 200 m'maola 24 okha. Nthaka inakhuta madzi, mapiri n'kugumuka. Matope ndi miyala yaikulu ngati nyumba zinatsikira pa Ngangu, m'tauni ya Chimanimani, anthu ali m'tulo. Pa Kopa, malo a malonda amene anamangidwa pamene Nyahode amakumana ndi Rusitu, nyumba zinasesedwa n'kutsala bwalo la miyala. Ku Zimbabwe anthu oposa 340 anafa ndipo ena mazanamazana sanapezeke. Mitembo ina inatengedwa ndi Rusitu mpaka ku Mozambique, kumene anthu a m'midzi ya m'mbali mwa Lucite anaiika m'manda osadziwa kuti ndi ya yani. Madzi omwewo anamiza minda ya ku Dombe, ndipo kumunsi Búzi anasefukira mpaka anthu anakhala masiku angapo pa madenga ndi m'mitengo. Ku Mozambique anthu oposa 600 anataya miyoyo.

A ku Malawi ali nalo dzina la chinthu chotere. Ndi napolo, amene anagwetsa Phalombe m'chaka cha 1991, n'kubweranso ndi namondwe wa Freddy m'chaka cha 2023 ku Soche, ku Chiradzulu, ku Mulanje ndi ku Phalombe komweko.

Pano pali mfundo imene ife a zaulimi sitikonda kuimva. Titaona zithunzi za Chimanimani, ambiri tinafulumira kunena kuti n'chifukwa cha kudula mitengo ndi kulima m'mapiri. Mbali ina n'zoona. Koma zipsera za kugumukaku zinaoneka ngakhale m'kati mwa paki, pa malo amene khasu silinagwepo. Mvula ikafika pa muyeso umenewo, phiri lotsetsereka limagumuka ngakhale lili ndi nkhalango. Migula, akalozera ndi udzu wa vetiva zimateteza nthaka ku mvula ya chaka ndi chaka, ndipo phindu lake ndi lalikulu, koma sizingaimitse napolo. Tikamuuza mlimi kuti vetiva amupulumutsa ku chilichonse, ndiye kuti tamunamiza, ndipo tsiku limene adzaone mzere wa vetiva utapita pamodzi ndi munda sadzatikhulupiriranso. Chimene chimapulumutsa moyo pa usiku wotere ndi malo amene nyumba yamangidwa ndiponso uthenga wofika msanga. Akulu anati madzi saiwala khwawa. Miyala ikuluikulu yoviringika imene yangoti mbwee m'tsinde mwa phiri kapena pakamwa pa chigwa sinamere pamenepo, inabwera ndi madzi akale. Mlangizi amene amayendera midzi ndi woyamba kuiona, ndipo ayenera kunena kwa mfumu anthu asanayambe kuumba njerwa.

Za uthenga, tiganizire izi. Madzi ochokera ku Rusitu amatenga maola kuti afike ku Dombe, ndiponso nthawi yoposa pamenepo kuti afike ku Búzi. Lamya imatenga mphindi imodzi. Maboma awiriwa anasainirana pangano la madzi a Búzi m'chaka cha 2019, ndipo m'chaka cha 2023 anakhazikitsa bungwe limodzi loyang'anira mitsinje ya Búzi, Pungwe ndi Save. Zimenezi n'zoyamikika. Koma uthenga woyenda kuchokera ku ofesi kupita ku likulu, kuwoloka malire, n'kutsikanso mpaka kumudzi, ungapezane ndi madzi atafika kale pakhomo. Palibe lamulo loletsa mlangizi wa kumtunda kusunga nambala ya mnzake wa kumunsi.

Chitsamba cha njuchi

Nkhani yachitatu ndiyo iyenera kutichititsa manyazi pang'ono, pakuti inayamba ndi cholinga chabwino cha anthu a ntchito yonga yathu. M'zaka za m'ma 1990 chitsamba china cha ku Brazil, chotchedwa Vernonanthura polyanthes, chinabweretsedwa m'dera la Sussundenga kuti njuchi zizipezamo chakudya. Ku Brazil amachitcha assa-peixe, ndipo alimi a njuchi amachikonda chifukwa chimachita maluwa m'nyengo yozizira pamene maluwa ena asowa. Kwawoko chimadziwikanso ngati tchire lovutitsa m'malo odyetsera ng'ombe, koma mbali imeneyi ya mbiri yake sinalabadiridwe.

Njere zake n'zopepuka, zili ndi ubweya, ndipo zimauluka ndi mphepo. Lero chitsambachi chadzaza m'mbali mwa misewu, m'masala, m'minda ya mitengo ya matabwa ndi m'mphepete mwa nkhalango mbali zonse ziwiri za malire. Ku Zimbabwe chinapatsidwa dzina loti mupesepese. Chimatalika kuposa munthu, chimamera mothithikana, ndipo chimakonda malo aliwonse amene nthaka yavundukulidwa kapena kutenthedwa. Munda umene mlimi wausiya kuti ugonere sukubwereranso ku nkhalango monga kale, ukusanduka thengo la chomera chimodzi. Zipsera zimene Idai anasiya zinakhala ngati nazale yake. Ukachidula chimaphukiranso pa chitsa, kotero kuti ntchito yeniyeni ndi kuzula, makamaka chikadali chaching'ono ndiponso chisanachite njere.

Walira mvula walira matope. Uchi ulipodi, ndipo ulimi wa njuchi ndi imodzi mwa njira zimene mabungwe monga Micaia athandizira mabanja a m'dera lozungulira paki kupeza ndalama popanda kutema nkhalango. Alimi ena a njuchi sangakondwe kumva kuti chitsambachi chizulidwe. Koma mlimi wa ku Zimbabwe amene akulimbana nacho m'munda mwake sanafunsidwepo pamene chinkabzalidwa tsidya linalo, ndipo panalibe amene anamuchenjeza kuti chikubwera. Tonse amene timanyamula mbeu, timitengo ta nthaka kapena udzu wa ziweto kuchokera ku misonkhano ya kunja, tizikumbukira chitsamba chimenechi tisanatsegule thumba.

Zimene a ku Chikukwa anachita

Si zonse za m'mapiriwa zimene zili zomvetsa chisoni. Kumpoto kwa tauni ya Chimanimani, pafupi ndi malire, kuli midzi isanu ndi umodzi ya Chikukwa. Pofika m'chaka cha 1991 mapiri a kumeneko anali atayera, akasupe akuuma, ndipo mvula ikagwa inkakokolola nthaka mpaka m'makomo. Kagulu kochepa ka anthu a m'mudzi kanayamba kukumana kuti kaone chochita ndi kasupe wawo. Anatchinga malo ozungulira akasupe kuti ziweto zisapondepo, anabzala mitengo yachilengedwe m'makwawa, anakumba ngalande zopingasa phiri kuti madzi azilowa pansi, anabzala vetiva m'migula, ndipo anadzaza zigwembe ndi miyala. Ntchitoyi inafalikira m'midzi yonse isanu ndi umodzi, ndipo pambuyo pake anakhazikitsa bungwe lawo lotchedwa CELUCT, lokhala ndi malo ophunzitsirapo alimi. Akasupe anabwerera, ndipo minda ya zipatso inazungulira nyumba.

Palibe njira imodzi mwa zimenezi imene ili yachilendo kwa mlangizi wa ku Dedza, ku Chipata kapena ku Angónia. Chachilendo n'chakuti anthuwa sanayambire pa munda wa munthu mmodzi, anayambira pa kasupe, n'kutsatira madzi kuchokera pamwamba mpaka pansi, ndipo aliyense amene madziwo amadutsa pa malo ake analowa m'gulu. Atatha zaka zingapo anaonanso kuti mikangano ya malo, ya ziweto ndi ya m'mabanja ingagwetse ntchito yonse, choncho anayamba kuphunzitsana za kuyanjanitsa anthu. Madzi a m'dera la Chikukwa amatsikira mu Mussapa, ndiye kuti alimi a ku Mozambique amamwa nawo phindu la ntchitoyi ngakhale ambiri sakudziwa.

Mbali ya Mozambique ili ndi zakezake zimene a ku Zimbabwe angaphunzireko. M'tsinde mwa mapiri muli nkhalango za Moribane, Maronga ndi Zomba (dzina lofanana chabe ndi la mzinda wa ku Malawi), zimene zinatetezedwa m'zaka za m'ma 1950. Ku Moribane kuli njovu, ndipo alimi a nthochi ndi chimanga akhala akulimbana nazo kwa zaka zambiri. Kumeneko anthu a m'mudzi ali ndi gawo m'malo ogona alendo otchedwa Ndzou Camp, ndipo anagawa dziko lawo kuti padziwike polima, posiyira nkhalango ndi podutsa njovu. Mkangano sunathe, pakuti njovu siwerenga mapu, ndipo mtengo wa nthochi ukakwera nkhwangwa imalowanso m'nkhalango. Komabe luso logawa malo mogwirizana ndi mafumu lilipo. Ndiponso ku Sussundenga kuli malo a kafukufuku wa zaulimi a bungwe la IIAM, amene amayesa mbeu pa nyengo ndi nthaka zofanana kwambiri ndi za alimi a tsidya linalo la phiri.

Kwa inu amene muli kutali ndi Chimanimani

Ambiri mwa inu simudzaliona phiri la Binga, koma muli ndi lanu. Madzi a pa Mulanje amatsikira mu Muloza ndi mu Ruo, mitsinje imene ili malire a Malawi ndi Mozambique. Mapiri a Dzalanyama ndi a Kirk Range amagawa madzi pakati pa maiko awiri omwewo, ndipo ku Ntcheu ndi Tsangano msewu wokha ndiwo umalekanitsa minda ya mbatatesi ya anthu a fuko limodzi. Nyika ili ku Malawi ndi ku Zambia. Pa malo onsewa pali mlangizi tsidya lino ndi mlangizi tsidya ilo.

Kuti awiriwa adziwane sipafunika ndege kapena msonkhano wa ku hotela. Mafumu a m'malire amadziwana kale, ndipo tsiku lachionetsero cha zaulimi likhoza kuitanidwa kudzera mwa iwo, akuluakulu a boma ndi a zolowa ndi kutuluka atadziwitsidwa. Zokambirana pa tsiku loyamba n'zochepa: maina a mtsinje umodzi m'ziyankhulo zonse, midzi imene ili pa njira ya madzi, tizilombo ndi zomera zachilendo zimene wina waziona chaka chino, mbeu zimene alimi akuwolotsa, ndi nambala za lamya za anthu atatu kapena anayi amene angadzutsidwe usiku. Ku Chimanimani mwezi woyenera kukumana ndi Meyi, mitsinje itaphwa moti n'kuwolokeka, mupesepese asanayambe kuchita maluwa.